Mtengo wa m'Thabwa, Mtengo wa Mabawuti ndi Mtengo wa Mfuti

Bambo anga anali mmisiri wa matabwa pa Lizulu, m'boma la Ntcheu, ndipo ubwana wanga wonse ndinaukhala m'fungo la utuchi. Ankapanga zitseko, mafelemu a mawindo, matebulo ndi mabokosi a maliro, ndipo sukulu ikatsekera ntchito yanga inali yogwirira nsonga ya thabwa iwo akamacheka, kusesa zopalapala ndi kunola tchizulo pamwala. Chimene ankadana nacho kwambiri m'thabwa chinali mfundo, kadiso kolimba kakuda kaja kamene kamabunthitsa mano a sowo ndi kupinda msomali. Akapeza thabwa la paini lochuluka mfundo ankalipatula kuti likakhale kumbuyo kwa kabati, kumene maso a wogula safika. Ndinakula ndikudziwa kuti mfundo ndi chilema cha thabwa, ndipo sindinadzifunsepo kuti imachokera kuti, kufikira tsiku limene ndinaima m'nyumba yoonetseramo zaluso ya Tate Modern ku London, ndili kale munthu wamkulu, maso ali pa ntchito ya wosema wa ku Italy dzina lake Giuseppe Penone.

Ntchitoyo imatchedwa Albero di 12 metri, kutanthauza mtengo wa mamita 12, ndipo anaisema pakati pa 1980 ndi 1982. Ukaiona uli patali umangoti ndi mitengo iwiri yowonda, yoyera, yopanda makungwa ndi masamba, yoimikidwa pa zipika za makona anayi. Ukayandikira m'pamene umazindikira kuti mtengowo ndi chipika chakecho ndi thupi limodzi, palibe pamene analumikiza. Penone anatenga mtanda waukulu umene unali utachekedwa kale kumakina mbali zonse zinayi, wokonzeka kukagwira denga, n'kuyamba kuusenda pang'onopang'ono ndi tchizulo. Mtengo umakula poonjezera mnofu watsopano kunja kwake chaka ndi chaka, n'chifukwa chake pa chitsa timaona mizere yozungulira, ndipo iye anasankha mzere umodzi wa m'kati n'kumautsata, akuchotsa zonse zimene zinamera kunja kwa mzerewo. Paliponse pamene anakumana ndi mfundo sanaidule, koma anaisema moizungulira, ndipo mfundo iliyonse inatuluka ili nthambi. Pomaliza, m'kati mwa mtanda wa amisiri munapezeka kamtengo kanthete, koima monga mmene kanaimira m'nkhalango zaka zambiri kasanadulidwe. Anaudula pakati n'kuimika zigawo ziwirizo, china choongoka ndi china chozondoka, chilichonse pa mbali ya mtanda imene anaisiya yosasema.

Ndinakhala pamenepo nthawi yaitali, ndipo amene ndinkawaganizira anali bambo anga, amene panthawiyo anali atatisiya kale. Iwo ankadziwa bwino lomwe kuti mfundo ndi pamene panali nthambi, pakuti palibe mmisiri amene sadziwa zimenezo, koma ntchito yawo inkafuna kuti thabwa liiwale kuti linali mtengo, likhale losalala, loongoka ndi lomvera sikweya. Penone anagwira zida zomwezo n'kuyenda ulendo wobwerera. Iye anabadwa mu 1947 ku Garessio, kamzinda ka m'mapiri a kumpoto kwa Italy, ndipo anali mmodzi wa achinyamata a kagulu kotchedwa Arte Povera, kamene kankapanga zaluso ndi zinthu wamba monga dothi, miyala, nsanza ndi nthambi. Mu 1968 anamangirira dzanja lachitsulo pa thunthu la kamtengo kamoyo m'nkhalango ya kwawo, kuti mtengowo upitirize kukula paliponse kupatula pamene dzanjalo lagwira. Aliyense amene anaonapo waya wa mpanda atamira m'khungwa la bulugamu akudziwa mmene zimathera: mtengo umafufuma mozungulira chitsulocho n'kuchimeza, koma chipsera chake sichichoka.

Kuyambira tsiku limenelo ndakhala ndikufunafuna ziboliboli za masiku ano zimene zimaima pamalire a zachilengedwe ndi zopangidwa ndi manja a anthu, pamodzi ndi luso lija loyala zinthu m'chipinda chonse kapena pabwalo kuti woona alowemo ndi kuzizungulira, limene eni ake amalitcha installation. Pang'ono ndi pang'ono ndafika pokhulupirira kuti ntchito zoterezi zimakhala ndi mphamvu pamene sizibisa msoko wake. Funso limene ndimapita nalo kwa chosema chilichonse si lakuti chikufanana motani ndi mtengo weniweni, pakuti kufanizira n'kosavuta masiku ano. Ndimafuna kuona ngati chikuvomera kunena kumene thupi lake lachokera ndi manja amene ladutsamo.

Ai Weiwei, wa ku China, amene anabadwa mu 1957, anapanga mitengo yake mwa njira yosiyana kotheratu ndi ya Penone. Mmalo mosenda, iye analumikiza. Anasonkhanitsa mizu, mathunthu ndi nthambi zouma za mitengo yakufa yosiyanasiyana kuchokera kumapiri a kummwera kwa China, kumene anthu amagulitsa zidutswa zopotana mochititsa chidwi kuti ena akakongoletsere nyumba, ndipo amisiri ake anaziphatikiza kukhala mtengo umodzi waukulu. Tate ili ndi umodzi wa 2010, ndipo mu 2015 mitengo 8 yotere inaimikidwa pabwalo la Royal Academy, nyumba ina yoonetseramo zaluso, ku London komweko. Uli patali umaona chimtengo chakale cha m'chilimwe chimene chayoyola masamba. Uli pafupi umaona kuti khungwa la nthambi iyi silikugwirizana ndi la thunthu, kuti mtundu wa nkhuni ukusintha mwadzidzidzi pa mphanda iliyonse, ndiponso kuti paliponse pali mitu ya mabawuti achitsulo aakulu, osapakidwa utoto, osakwiriridwa. Ambiri amawerenga mtengowu ngati chithunzi cha dziko la China, mitundu ndi zigawo zosiyana zogwiridwa pamodzi mokakamiza, ndipo ine sinditsutsa zimenezo. Koma monga mwana wa mmisiri ndinaona kaye luso la polumikizira, mmene chidutswa chilichonse anachisemera kuti chikhale bwino pa chinzake, kenako ndinaona kulimba mtima kosiya bawuti poyera. Kwathu mmisiri wabwino amamiza mutu wa msomali n'kumata bowolo ndi utuchi wosakaniza ndi guluu. Apa bawuti ndi amene akunena zoona zonse, kuti chinthu ichi sichinamere, sichidzaphukanso, ndipo chaima chifukwa anthu anachiimika.

Kuti ndimvetse chifukwa chake zimenezi zinandikhudza, ndinakumbukira mitengo ina imene ndinaiona ndikukhala ku Johannesburg. M'madera ena a mzindawo nsanja za netiweki ya mafoni amaziveka makungwa ndi masamba apulasitiki kuti zioneke ngati paini kapena kanjedza, n'cholinga choti anthu okhala pafupi asadandaule kuti zikuipitsa malo. Nayonso ndi mitengo yopangidwa, ndipo amene anaipanga anagwira ntchito yaikulu, koma cholinga chake chonse n'chakuti usaione bwino, ungodutsa. Akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu m'kati muli nyerere. Chimodzimodzinso maluwa apulasitiki amene adzaza m'zipinda zathu zochezera ndi pa ziliza za abale athu, amene safota msanga koma amatuwa ndi dzuwa n'kusanduka zinyalala zosaola. Kusiyana kwa zinthu izi ndi mtengo wa Ai Weiwei sikuli pa zipangizo ayi. Nsanja ija imapempha kuti uiwale chitsulo chimene chili m'kati mwake, pamene mtengo wa mabawuti umakuitana kuti uwerenge chitsulo chake chimodzichimodzi.

Ngakhale mmisiri wina wa zaluso, Olafur Eliasson, amene mu 2003 anapachika dzuwa lopanga m'holo yaikulu ya Tate Modern, holo imene kale munali makina opangira magetsi, anasamala kuti asabise msoko wa ntchito yake. Dzuwalo linali theka chabe la bwalo la nyali mazanamazana zachikasu, theka linalo n'kumaoneka m'magalasi amene anakuta nawo denga lonse, ndipo m'holomo ankapoperamo nkhungu. Anthu pafupifupi 2 miliyoni anapita kukaliona, ambiri n'kumagona chagada pansi ngati akuothera dzuwa lenileni, komabe aliyense ankatha kuyenda mpaka kuseri n'kuona nyali, mawaya ndi zitsulo zogwirizira.

Mtengo umene unandigwira mtima koposa yonse suli ku Tate, koma ku British Museum, nyumba yosungiramo zinthu zakale ya ku London, m'chipinda cha zinthu za ku Africa chimene chili pansi. Umatchedwa Tree of Life, kutanthauza mtengo wa moyo, ndi wotalika mamita atatu ndi theka, ndipo umalemera pafupifupi theka la tani. Unapangidwa ku Maputo mu 2004 ndi amisiri anayi a ku Mozambique, Cristóvão Canhavato amene amadziwika kuti Kester, Hilário Nhatugueja, Fiel dos Santos ndi Adelino Serafim Maté, ndipo unaimikidwa ku London mu 2005. Thunthu lake, nthambi zake ndi masamba ake onse ndi zidutswa za mfuti zoduladula n'kuziwotcherera. Ukayang'anitsitsa khungwa lake umayamba kuzindikira mipope ya mfuti, timabokosi topindika tija ta zipolopolo za AK-47, tizitsulo tokhethemulira, masipuling'i ndi zidutswa za zida zoponyera mabomba, zonse zofiirira ngati dzimbiri. Patsinde pake ndi m'nthambi muli tinyama topangidwa ndi zitsulo zomwezo, mbalame, buluzi ndi kamba.

Kwa munthu wokulira pa Lizulu mtengo umenewu si nkhani yakutali. Pamalo pamenepo msewu waukulu wa M1 ndiwo malire a mayiko awiri, moti ukaoloka phula wafika m'boma la Angónia, m'chigawo cha Tete ku Mozambique, kumene anthu amayankhula chiyankhulo chathu chomwechi ndipo ambiri ndi abale athu a magazi. Nkhondo ya pachiweniweni ya pakati pa boma la Frelimo ndi gulu la Renamo inayamba mu 1977 n'kutha ndi pangano la mtendere limene linasainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992, itapha anthu pafupifupi 1 miliyoni. Kuyambira chapakati pa zaka za m'ma 1980 anthu othawa nkhondo anakhamukira ku Malawi mpaka chiwerengero chawo chinafika pafupifupi 1 miliyoni, ndipo Ntcheu ndi Dedza anali ena mwa maboma amene analandira ambiri. Ndikukumbukira masitolo a tsidya lija la msewu atasasuka madenga, makoma ali zibowo zokhazokha, udzu utamera m'kati. Ndikukumbukira ana amene tinakhala nawo m'kalasi amene sankafuna kunena kumene makolo awo ali, ndiponso usiku umene amayi ankazimitsa nyali msanga chifukwa kutsidyako kwamveka kulira kwa mfuti. Bambo anga anapanga mabokosi ambiri zaka zimenezo, ena aang'ono kwambiri, ndipo ena sanalipiritse.

Nkhondo itatha, mfuti zambirimbiri zinatsala m'manja mwa anthu, zina zokwiriridwa m'minda ndi m'nkhalango. Mu 1995 Bishopu Dinis Sengulane wa mpingo wa Anglican, mogwirizana ndi bungwe la mipingo yachikhristu la m'dzikomo, anayambitsa ntchito yotchedwa Transformação de Armas em Enxadas, kutanthauza kusandutsa zida za nkhondo kukhala makasu, potengera mawu a mneneri Yesaya onena za kusula malupanga kuti akhale zolimira. Munthu ankabweretsa mfuti popanda kufunsidwa kumene waitenga, n'kulandira khasu, njinga, makina osokera kapena zipangizo zomangira nyumba. Mfutizo ankaziduladula kuti zisadzagwirenso ntchito, ndipo zidutswa zina ankazipereka kwa amisiri a ku Núcleo de Arte ku Maputo. Kester anapanga nazo mpando wachifumu mu 2001, umene nawonso uli ku British Museum, ndipo mtengowu unabwera pambuyo pake, nyumba yomweyo pamodzi ndi bungwe la Christian Aid atapempha kuti upangidwe. Aliyense amene anayang'anitsitsapo mbendera ya Mozambique akudziwa kuti pamenepo pali mfuti ya AK-47 yopingasana ndi khasu pamwamba pa buku lotsegula, kotero kuti kusinthanitsa mfuti ndi khasu kunali kukhudza chizindikiro cha mtundu wonse.

Pamene ndinaima pansi pa nthambi zake ndinaona kuti malire a chachilengedwe ndi chopangidwa, amene ndinkawayesa ooneka bwino ngati phula la pa Lizulu, ndi opotana ngati njira ya kudambo. Chitsulo cha mfuti chinali mwala m'nthaka chisanalowe m'ng'anjo, monga mmene makolo athu ankayengera chitsulo cha makasu ndi nkhwangwa. Thako la AK-47 yakale ndi pogwirira pake ndi thabwa, ndiye kuti m'mfuti iliyonse yotere munali kale kachidutswa ka mtengo wa m'nkhalango ya dziko lakutali, pakuti mfutizi sizinapangidwe ku Mozambique, zinachita kubwera pa sitima ndi pa ndege. Zambiri zinagona m'dothi zaka zingapo, mvula ndi chinyezi zikuzidya, kufikira munthu wina anazifukula n'kupita nazo kukatenga khasu. Kenako anadza wowotcherera ndi moto wake wamagetsi, mofanana ndi anyamata amene amawotcherera mageti ndi mbaula m'misika yathu, n'kuzipatsa maonekedwe a chinthu chomera. Ulendo wonsewu ukuoneka pa thupi la mtengowo. Amisiriwo akanatha kusungunula zitsulozo n'kuumba mtengo wosalala wokongola, ndipo ukanakhala wabodza ngati nsanja ya mafoni ija. Anasankha kuti mpope uzionekabe kuti ndi mpope, kuti woona asangalale ndi tsamba kwinaku akudziwa kuti tsambalo linapangidwira kupha.

Amayi anga nditawaonetsa zithunzi za mitengo itatuyi pafoni anayang'ana mwachidwi, kenako anafunsa kuti, "Nanga mwanangu, mtengo wosabala chipatso, wopanda mthunzi, woti mbalame singamangemo chisa, ntchito yake n'chiyani?" Funso limeneli sindilipeputsa, makamaka pochokera kwa munthu amene waona mapiri a kwathu akumetedwa mpala ndi nkhwangwa za ootcha makala, ndipo amayenda mtunda wotalikirapo chaka chilichonse kuti apeze nkhuni. Alipo amisiri amene analiyankha ndi manja. Joseph Beuys wa ku Germany anayamba mu 1982 kudzala mitengo 7,000 mumzinda wa Kassel, yambiri ya thundu, uliwonse ndi mwala wautali woimikidwa pambali pake, ndipo womaliza unadzalidwa ndi mwana wake mu 1987, iye atamwalira chaka chapitacho. Poyamba mwala unkaposa mbande, koma lero mitengo ija yakula n'kuphimba miyala yake. Ndinawauza amayi kuti ntchito imeneyo ndimailemekeza kwambiri, ndipo ndikanakonda kuti nyengo yathu yodzala mitengo ikhale ndi kuleza mtima kotero, kosamalira mbande kufikira itakula. Komabe ndinawauzanso kuti mtengo wamoyo sungandiuze zimene mtengo wa mfuti unandiuza, chifukwa mtengo wamoyo umameza waya n'kupitiriza kukula, pamene ife anthu timafunika chinthu choima poyera chotikumbutsa zimene manja athu anachita. Amayi sanavomere kapena kukana. Anakulitsa chithunzicho ndi zala, n'kukhala chete nthawi yaitali akuyang'ana kamba wachitsulo uja.

Pali chinthu chimodzi chimene chimandivutabe mumtima. Mtengo wa mfutiwu sunabedwe monga zinthu zina zambiri za mu British Museum, unachita kuitanitsidwa, ndipo anthu miyandamiyanda ochokera m'mayiko onse, kuphatikizapo mayiko amene anapanga ndi kugulitsa mfutizo, auona ndi kuphunzirapo kanthu. Zimenezo n'zabwino ndipo n'zoyenera. Koma masana amene ndinali pamenepo, ana a sukulu a ku London ankauzungulira akusangalala ndi buluzi ndi mbalame, ndipo mphunzitsi wawo anachita kuwalozera kuti ichi ndi chidutswa cha mfuti, pakuti iwo sakanachizindikira okha. Anthu amene angawerenge mtengo umenewu popanda wowalozera ali ku Ulónguè, ku Tsangano, ku Mutarara m'chigawo cha Tete ndi m'midzi ya m'mbali mwa M1, ndipo ambiri a iwo sadzafika ku London. Ndimalakalaka utanyamulidwa ngakhale kwa mwezi umodzi n'kuimikidwa pamsika wa Lizulu tsiku la msika, pakati pa milu ya mbatatesi, kabichi ndi tomato, kumene anthu a mbali zonse ziwiri za msewu amasakanikirana. Kukanabwera azibambo a imvi amene ananyamula zitsulo zimenezi ali anyamata, ena mosafuna, ndi amayi amene anazithawa ana ali kumsana. Iwo akanayendetsa zala pa khungwalo n'kumatchula chidutswa chilichonse dzina lake, monga mmene bambo anga ankagwirira thabwa n'kunena kuti uwu ndi mlombwa, iyi ndi mbawa, uyu ndi paini wa ku Dedza, ndipo ine ndikanaima pambali n'kumamvetsera.